Laputopu Ikamangonong'ona

Pa ntchito yanga yokonza makompyuta, dandaulo la mawu silisowa. Wina akufuna kuonera mpira ndi anzake, wina akuphunzitsa kwaya nyimbo yatsopano, koma laputopu ikungonong'ona. Ambiri amabwera atayesa kale pulogalamu ngati Letasoft Sound Booster, yomwe imati imakweza mawu mpaka 500 peresenti ndipo imayesedwa ulere masiku 14. Masikuwo akatha, m'malo molipira amakasaka pa intaneti crack, yoti pulogalamuyo izigwira ntchito osalipira.

Apa ndiye pamandiwawa mtima. Malangizo oyamba a crack nthawi zambiri amati zimitsani Windows Defender. Munthu amachotsa yekha mlonda pakhomo, n'kulowetsa mlendo amene sakumudziwa. Zimene ndimapeza m'kati ndi timapulogalamu toba mapasiwedi osungidwa mu Chrome. Mawa lake akaunti ya Facebook yalandidwa, ndipo akuba akupempha ndalama kwa achibale m'dzina la mwiniwake. Choipitsitsa ndi vayirasi ya STOP/Djvu, imene imayenda kwambiri ndi mapulogalamu oterewa. Imatseka mafayilo onse n'kufuna dipo. Windows ndimatha kuikamo ina. Koma zithunzi za ukwati, kapena kafukufuku amene wophunzira wakhala akulemba chaka chathunthu, nthawi zambiri sindingazibweze, ndipo kumuuza munthu zimenezo maso ndi maso n'kovuta.

Komanso pulogalamu siwonjezera mphamvu ya sipika. Timasipika ta laputopu n'tating'ono, ta mawati awiri kapena kucheperapo. Mukatikakamiza, mawu amasasa, waya wa m'kati amatentha, kenako kasipikako kamayamba kunjenjemera ngakhale mutatsitsa.

Ine ndimayamba ndi kaburashi kofewa, chifukwa fumbi la m'chilimwe limatseka timabowo totulukira mawu. Kenako ndimaona Volume Mixer, poti mwina pulogalamu imodzi yokha ndiyo idatsitsidwa. Ngati kompyutayo ili ndi Loudness Equalization, ndimayatsa kuti mawu otsika a m'filimu amveke. Kwa wofunabe kukweza mawu, pulogalamu ya VLC ndi yaulere ndipo imafika 125 peresenti, Equalizer APO nayonso siilipiritsa.

Wa mahedifoni ndimamukumbutsa kuti a World Health Organization amati munthu wamkulu asapitirire maola 40 pa mlungu akumvera mawu a madesibelo 80. Wa kwaya uja ndimamuuza kuti, “Akulu, holo ya tchalitchi siidzadza ndi laputopu. Sonkhani ndalama mugule sipika yokhala ndi ampulifaya yakeyake, ndidzakulumikizirani.”