Kaseti ya achule

Ndidali Fomu 2 pamene amalume adandiitana kuti holide ya Khirisimasi ya 1990 ndikathere kwawo ku Area 10. Kwa mwana wa ku Kawale ngati ine, kumeneko kudali kunja kwa dziko: mipanda yamaluwa, agalu onenepa, misewu ya zii ngati kumanda. Amalume ankagwira ntchito ku Capital Hill, ndipo mwana wawo woyamba, msuweni wanga, adali atangobwera kutchuthi kuchokera ku Manchester komwe ankaphunzira.

Tsiku lachiwiri adanditengera kuchipinda kwake, natseka chitseko, nkuika kaseti ya TDK m'wailesi.

"Msuweni, tamvera izi. Usafunse kanthu, ingomvera."

Ndidamvera. Ng'oma inkangoti di! di! di! osasintha, pansi pake kanthu kena kakulira ngati achule a m'dambo la Lingadzi mvula ikagwa. Ndidadikira kuti woimba ayambe kutiuza nkhani. Sadayambe. Mawu akabwera ankangobwereza pomwepo, kenaka nkuzimirira.

Chimbalecho chidali Hot Lemonade cha A Guy Called Gerald, chotuluka mu 1989. Mwini wake, Gerald Simpson, adakulira ku Moss Side mumzinda womwewo wa Manchester, makolo ake ochokera ku Jamaica. Kumapeto kwa mbali yachiwiri msuweni adajambulirako Voodoo Ray, nyimbo ya 1988 imene idamutchukitsa Gerald mpaka kufika pa nambala 12 ku Britain chaka chotsatira. Achule aja, adandiuza, ndi kamakina kotchedwa Roland TB-303. A ku Japan adakapanga kuti kaziimba m'malo mwa gitala ya besi, koma oimba adakakana, kampani nkuleka kukapanga mu 1984. Anyamata akuda a ku Chicago adakatola motchipa, nayamba kupotokola timabatani take mpaka kadalira chilirelire. Gulu la Phuture litatulutsa Acid Tracks mu 1987, dzina loti acid house lidakhazikika.

Amalume adatipeza tili mkati. Adanyamula chikuto cha kaseti, nawerenga zomwe msuweni adalemba ndi bolopeni: acid, voodoo. Nkhope idasintha.

"Kodi inu mukufuna ine ndikagone ku Maula? Tsitsani msanga chinthucho!"

Tisawaseke amalume. Masiku amenewo a Censorship Board ankaletsa mabuku, mafilimu ndi nyimbo, mpaka Cecilia ya Simon and Garfunkel. Wailesi idali imodzi, MBC, kanema kudalibe. Munthu wa m'boma ankaopa ngakhale mlonda wake yemwe.

Koma ine usiku umenewo ndidagona ndikuganiza: kodi a Censorship akadaletsamo chiyani? Ife Amalawi nyimbo timaifunsa uthenga. Ikhale yolangiza, yodandaula, yotamanda Mulungu, ndipo nthawi imeneyo yambiri idali yotamanda Ngwazi. Kuyambira ku pulaimale tidaimbitsidwa mpaka kukhosi kuuma. Tsono apa padali nyimbo yosandiuza choti ndichite, yosatamanda aliyense. Sindinganame kuti ndidaikonda pomwepo, ayi. Kwasakwasa ya Kanda Bongo Man idali yokoma kuposa pamenepo, ndipo mpaka lero ndimatero. Koma m'mutu mwanga mudachita ngati mwatsegulidwa zenera.

Ndiye ndidaiba kasetiyo. Ndinene kuti ndidabwereka osapempha, kaya. Cholinga chidali kukajambulitsa yangayanga. Ndidakwera basi kudutsa City Centre, kuwoloka mlatho wa Lilongwe, mpaka ku Old Town kufupi ndi msika, komwe anyamata ankajambula makaseti pa mawailesi a zitseko ziwiri. Mkulu wa pabenchipo adaiyesa kaye. Sipadathe mphindi, adaizimitsa.

"Aphwanga, kaseti iyi ndi yowonongeka. Simukumva ikulira?"

"Ndi mmene imaimbira, achimwene."

Anthu adaseka zedi. Wina adati ndi nyimbo ya azungu amisala, ine nkumuuza kuti woimbayo ndi wakuda ngati ife, osandikhulupirira. Mayi wina wogulitsa mandasi yekha ndiye adati, "Tabwezeranipo, ng'omayo ndiye ilibe vuto," akugwedeza mapewa.

Adabwezerapo. Ndipo pakati pa Voodoo Ray, wailesi idaitafunadi kaseti ija. Tidasolola lamba wake atakwinyika, mbali ina ataduka. Mkulu uja adadula powonongekapo ndi lumo, nalumikiza ndi Cutex, nkukulunga ndi bolopeni. Ndalama yanga adabweza, yojambula ija osatheka.

Ndidakaibwezera mwakachetechete. Madzulo msuweni adaiika, ndipo itafika pachilonda paja nyimbo idadumpha. Adandiyang'ana, ine maso pansi.

"Wailesi ya adadi yayamba kutafuna," adatero, basi.

Adabwerera ku England mu Januwale. Zambiri zidachitika iye kulibe: kalata ya mabishopu mu 1992, riferendamu ya 14 Juni 1993, chisankho cha 1994. Adabwera komaliza mu 1995 atawonda kwambiri, matenda aja amene masiku amenewo sitinkawatchula dzina pamaliro. Ndidakamuona kawiri ku Area 10. Kawiri konseko ndidakonza zoti ndiulule za kaseti, kawiri konseko tidangokamba za mpira.

Atamwalira, azakhali adandipatsa katoni ya zinthu zake. Kaseti idalimo, ndipo pachikuto, pansi pa dzina la Gerald, adawonjezapo ndi bolopeni yofiira dzina langa.

Lero m'maminibasi a ku Area 25 mumagunda amapiano, mdzukulu wa house yemweyo kudzera ku kwaito ya ku Joni, ndipo palibe amene amati sipika yawonongeka. Ana anga adandipezera Voodoo Ray pa foni, yoyera bwino, yopanda chilema. Ndimaimvera nthawi zina ndikaweruka. Ikamayandikira malo aja mtima umakonzekera kudumpha, koma iyo imangopitirira.