Chitseko cha Dorothy

Mkuluyo anaonera filimu ya The Wizard of Oz koyamba ali mnyamata, pa wailesi yakanema yosaonetsa mitundu, ndipo tepi ya vidiyoyo inali itaperepeseka chifukwa chobwerekana. Zithunzi zinkanjenjemera, mawu akumveka ngati ochokera m'mbiya. Nthano yokhayo anaigwira: mtsikana Dorothy atengedwa ndi kamvuluvulu ku Kansas nakagwera m'dziko lachilendo la Oz. Koma chimene anthu ankatamira filimuyo iye sanachione.

Atakalamba, mwana wake anabwera ndi chimbale cha Blu-ray cha filimu yomweyo, chimene chinatuluka mu 1939 ngati kanema, n'kukonzedwanso mu 2009. Banja lonse linasonkhana pabalaza. Poyamba zithunzi za ku Kansas zinali zodera ngati chithunzi chakale cha m'chikwama, mkuluyo nagwedeza mutu kuti n'zomwe zija. Kenaka Dorothy anatsegula chitseko cha nyumba yake. Kunja kunali maluwa ofiira, madzi obiriwira ndi msewu wa njerwa zachikasu.

"Agogo, bwanji mwangoti duu?" anafunsa mdzukulu wake.

"Mwanawe, chitseko chimenechi ndinachiona chikutseguka kalekale, koma kuseri kwake kunali phulusa lokhalokha."

Kampani ya MGM inachita zimenezi dala. Dziko la Oz analijambula ndi makamera a Technicolor, amene ankayendetsa mafilimu atatu nthawi imodzi. Nsapato za Dorothy, zimene m'buku la L. Frank Baum la mu 1900 n'zasiliva, anazisandutsa zofiira kuti ziwale m'maso. Pa wailesi ya mkuluyo zinali zotuwa ngati nsapato zina zilizonse, ndipo iye sankamvetsa chifukwa chake mfiti ija inkazilimbirira chotero.

Komabe kuwala kwa chimbalecho kunaulula zina zimene tepi ija inkabisa. Mapiri akutali anaoneka kuti ndi utoto wopaka pansalu, ndipo nkhope ya chiopsezo cha mbalame chija inaonetsa ulusi wa chiguduli. Adzukulu anaseka, mkuluyo sanakondwe.

Za mawu ndiye anakana ndithu. Chimbalecho chinkamwaza phokoso mbali zonse za chipinda, pamene filimuyo inajambulidwa kuti mawu azichokera malo amodzi. Analamula kuti abwezere mamvekedwe akalewo, ayambirenso pamene Judy Garland akuimba pakhomo paja, ndipo wina asakhosomole.