Mtsuko wa Zinjoka wa Zhang Heng

Wokondedwa mphwanga,

Ndachiona chithunzi chija unanditumizira, cha mtsuko waukulu wamkuwa wokhala ndi zinjoka m'mbali ndi achule oyasama pansi pake. Ukufunsa ngati ndi zoona kuti chimenechi ndicho chipangizo choyamba chodziwira chivomezi. Ndi zoona, koma mtsuko wapachithunziwo si womwe unapangidwa kalelo. Weniweniwo unasowa kalekale, ngakhale phale lake silinapezeke. Chimene tili nacho ndi nkhani yake basi.

Mwini luso anali Zhang Heng wa ku China, mkulu woona za nyenyezi ndi kalendala kunyumba ya mfumu mumzinda wa Luoyang. Anaupanga m'chaka cha 132. Masiku amenewo chivomezi chinali mlandu wa boma. Anthu ankakhulupirira kuti dziko likagwedezeka ndiye kuti kumwamba kwakwiya ndi ulamuliro wa mfumu, choncho mfumu inkafuna kumva msanga. Koma uthenga unkayenda pa kavalo, ndipo dzikolo ndi lalikulu.

Mtsukowo unali waukulu pafupifupi mamita awiri m'mimba mwake. Kunja kwake kunali mitu isanu ndi itatu ya zinjoka, uliwonse utaloza mbali yake ya dziko, utaluma kampira kamkuwa. Pansi pa mutu uliwonse panakhala chule wamkuwa, kukamwa kuli yasa. Nthaka ikanjenjemera, mzati wa m'kati unkasuntha n'kutsegula pakamwa pa chinjoka chimodzi chokha. Kampira kankagwera m'kamwa mwa chule, ngwee! Mlonda akamva kulirako ankangoyang'ana chinjoka chimene chataya kampira, n'kudziwa mbali imene kwagwa tsoka.

Mbiri imati tsiku lina kampira kanagwa pomwe mu Luoyang munalibe amene anamva kugwedezeka kulikonse. Ophunzira a mumzindawo anayamba kunena kuti chipangizocho n'chabodza. Patapita masiku angapo anatulukira mthenga wochokera kumadzulo, kudera la Longxi, mtunda wa makilomita mazanamazana, kudzanena kuti kwawo kwachita chivomezi. Onse anangoti kukamwa pululu.

Apa ndi pamene ndikufuna utchere khutu. Nkhaniyi timaipeza m'buku la mbiri ya mafumu a nthawi imeneyo, otchedwa Han, lomwe analemba Fan Ye patadutsa zaka pafupifupi 300. Mawu ofotokoza chipangizocho ndi ochepa kwambiri, ndipo za mzati wa m'katiwo amangokhudza pamwamba, osanena ngati unali woimirira kapena wolendewera. Ngakhale chaka cha chivomezi cha ku Longxi akatswiri amakangana nacho: ambiri amalemba 138, ena amati 134. Nkhani ikayenda zaka zambiri imasuntha, masiku ake amaterereka, ndipo aliyense woibwereza amadzaza mipata ndi nzeru zake.

Mtsuko wa pachithunzi chako unachokera m'mipata imeneyi. Wotchuka kwambiri anaupanga Wang Zhenduo mu 1951, potsatira mawu ochepa aja ndi kuganiza kwake. Unalowa m'mabuku a sukulu, ana ambiri n'kumakula akuyesa kuti ndiwo weniweni, chonsecho akatswiri a zivomezi ankakayika ngati mzati wake woimirirawo ungagwire ntchito. Mu 2005 gulu la Feng Rui linapanga wina wokhala ndi chitsulo cholendewera m'kati. Ine sindiwada anthu amenewa. Anagwira ntchito yovuta ndi mtima wonse. Chimandipweteka ndi choti chithunzicho chimayenda chokha pa intaneti, popanda womuuza mwana ngati iwe kuti uku n'kuyerekeza chabe.

Komabe usamupeputse Zhang Heng. Iye anazindikira kuti nthaka imanyamula uthenga mofulumira kuposa kavalo, ndipo pa ichi sanalakwe. Zipangizo zamakono zolemba mizere ya chivomezi zinayamba kukhwima ku Japan cha m'ma 1880, m'manja mwa John Milne, James Ewing ndi Thomas Gray. Kenako mu Epulo 1889, Ernst von Rebeur-Paschwitz wa ku Germany anaona mizere yachilendo pa zipangizo zake ku Potsdam ndi ku Wilhelmshaven, mizinda imene kunali bata. Pambuyo pake anawerenga za chivomezi cha ku Tokyo, ndipo atayerekeza nthawi anapeza kuti kunjenjemera kuja kunafika ku Germany patatha pafupifupi ola limodzi, kutayenda makilomita ngati 9,000. Nthawi ino umboni unatsala papepala, aliyense akhoza kuuyeza yekha.

Ifenso tili m'chigwa chimene nthaka yake imang'ambika pang'onopang'ono. N'chifukwa chake Salima inagwedezeka mu 1989, ndipo Karonga inavutika mu Disembala 2009. Nyumba zikugwa ku Karonga, zipangizo za m'maiko akutali zinali zikulemba kale nthawi, malo ndi mphamvu yake.

Ukamalemba ntchito yako ya kusukulu pa nkhaniyi, chithunzicho uchiikemo, koma pansi pake ulembe kuti ndi choyerekeza, utchulenso amene anachipanga ndi chaka chake. Uwapatse moni amayi.

Ndine mkulu wako.