Munthu Amene Anafuna Kuti Cidakwa Cisiye Mowa

Ambiri a inu dzina la Dan Castellaneta simulidziwa, ndipo mutakumana naye pa njira simungamzindikire. Koma ngati m'nyumba mwanu muli wailesi ya kanema, ndipo ana amaonerera makatuni a ku America ochedwa The Simpsons, mau ake munawamva kale. Ndiye amalankhulira Homer, bambo wa dazi ndi cimimba uja.

Castellaneta anabadwa mu 1957 ku Illinois. Luso la masewero oseketsa analinolera m'gulu la Second City ku Chicago, ndipo mu 1987 analowa m'pulogalamu ya Tracey Ullman, m'mene banja la Simpson linayamba kuonekera m'timasewero tatifupi. Eni pulogalamuyo, posafuna kulemba anthu ena nchito, anampempha kuti apereke mau a Homer. Mu December 1989 makatuniwo anakhala pulogalamu yapayokha. Mau a atate ake a Homer, a Krusty ndi a Barney Gumble, onsewa acokera pa mmero wa munthu mmodzi yemweyo.

Za Barney ndizo zimandigwira mtima. Iyeyu ndi cidakwa ca m'bala ya Moe, munthu wauve, wogeya mokweza, ndipo kugeyako ndiko anthu amaseka. Kwa zaka khumi Castellaneta, amene mwini wake salawa mowa, anali kumgeyera. Iye ndi mkazi wake, Deb Lacusta, analemba gawo limene linaonetsedwa mu April 2000. M'menemo Barney aonera kanema wa phwando la tsiku lake lobadwa, nadziona m'mene amakhalira akaledzera, nagwidwa manyazi. Alowa m'gulu la Alcoholics Anonymous, aphunzira kuyendetsa helikopita, ndipo potsiriza apulumutsa ana awiri a Homer ku moto wolusa m'nkhalango.

Ena mwa olemba anzake sanakondwe nazo: anaopa kuti Barney wosaledzera sadzaseketsanso. Kunena za nchito yao, mantha awo anali ndi maziko. Ine ndinaziona zotere m'dera lathu lino. Panali mwamuna wina amene anthu anali kumuombera m'manja pa ukwati uliwonse akamavina dzandidzandi, kabotolo ka kacasu kali m'thumba. Atasiya mowa, ena anadandaula poyera kuti maukwati sakukomanso. Mkazi wake, amene anali kumtola m'ngalande usiku, sanali m'gulu la odandaulawo.

Nciganiza kuti Castellaneta, atakhala zaka zonsezo m'khungu la cidakwa, anafika pomuona Barney monga m'mene mkazi uja anali kuonera mwamuna wake. Koma Barney sanali wake. Iye anali kungombwereka mau. Kwa zaka zingapo Barney anakhala pa mpando wake uja m'bala akumwa khofi. Mu 2003 olemba anambwezera ku mowa, ndipo Castellaneta, monga mwa nchito yake, anaimanso pa maikolofoni nalankhula ndi lilime lolemera la munthu woledzera.