Nkhanga Zinapangana Kusanapse: Za Chiwewe ndi Katemera Wake

Lero ndikufuna tikambirane za galu. Mwambi uli pamwambawu umatiphunzitsa kukonzekera tsoka lisanafike, ndipo palibe nthenda imene inandiphunzitsa tanthauzo lake kuposa chiwewe.

Nditangotuluka kusukulu ya uphunzitsi, ndinatumizidwa kusukulu ina ya kumudzi. Tsiku lina galu wosadziwika mwini analuma anyamata awiri a m'kalasi mwanga pochokera kudambo. Woyambayo anali ndi bala lalikulu pamwendo, ndipo bambo wake anamutengera panjinga kuchipatala, kumene analandira jakisoni wa pamimba masiku ambiri otsatizana. Wachiwiriyo anangokhala ndi kabala kakang'ono padzanja. Akuluakulu anawotcha ubweya wa galu napaka phulusa lake pabalapo, monga mwa mwambo. Bala linapola, ndipo ine, mphunzitsi wake, ndinangoti zatha. Patapita miyezi iwiri mwanayo anayamba kuopa madzi, ndipo sabata isanathe tinali kumanda. Safunsa anadya phula. Ine sindinafunse, ndipo mpaka lero mtima wanga umanditsutsa.

Pambuyo pake ndinawerenga mbiri ya jakisoni amene anapulumutsa mnzake uja. Pa 6 July 1885, mumzinda wa Paris ku France, mayi wina wa ku Alsace anabwera ndi mwana wake wa zaka 9, Joseph Meister, kwa katswiri Louis Pasteur. Mwanayo anali atalumidwa ndi galu wachiwewe. Pasteur ndi mnzake Émile Roux anali atapeza njira yofooketsera kachirombo ka chiwewe poumitsa mtsempha wa mumsana wa akalulu odwala. Mwanayo analandira jakisoni 13 ndipo anachira, nakula mpaka kukhala mlonda wa pakhomo la Institut Pasteur. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Mu 1911 David Semple, ali ku India, anakonza katemera wochokera ku ubongo wa nkhosa. Katemera wa mtundu umenewu ndiye ankabayidwa pamimba. Anali wowawa ndipo nthawi zina ankawononga mitsempha. M'zaka za m'ma 1970 kunabwera katemera wokonzedwa mwaukhondo m'malo opimira, wopanda ubongo wa nyama. Umenewu ndiye mtundu umene madokotala amabaya lero, pamkono, kangapo kokha. Choncho mantha a jakisoni wa pamimba, amene agogo anu amasimba, atayeni.

Mwina mukufunsa kuti katemera angathandize bwanji munthu atalumidwa kale. Kachiromboka kamalowa ndi malovu a galu, kenako kamayenda pang'onopang'ono m'mitsempha kulunjika kuubongo, ulendo umene nthawi zambiri umatenga mwezi umodzi kufikira itatu. Katemera amadzutsa chitetezo cha thupi kuti chikatsekereze mdaniyo panjira. Koma akafika kuubongo zizindikiro n'kuonekera, pafupifupi aliyense amamwalira. Bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO limati anthu pafupifupi 59,000 amafa ndi chiwewe chaka chilichonse, ambiri a iwo mu Africa ndi Asia, ndipo mwa anthu 10 olumidwa, anayi amakhala ana osakwana zaka 15.

Tsono mverani malangizo a nkhalamba. Galu kapena mphaka akakulumani ngakhale kukukandani, tsukani balalo ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, ndipo pitani kuchipatala tsiku lomwelo. Musabise poopa kukalipiridwa, pakuti mbewa ya manyazi inafera kuuna. Mukayamba jakisoni, mumalize onse pamasiku amene mwauzidwa, ngakhale bala litapola.

Agalu anunso abayitseni. Akatswiri amati agalu 70 mwa 100 alionse akalandira katemera, nthendayi imaleka kufala m'deralo. Ntchito yotere inayamba mwamphamvu mumzinda wa Blantyre mu 2015 ndi bungwe la Mission Rabies. Ndipo pa 28 September, tsiku limene Pasteur anamwalira mu 1895, dziko lonse limakumbukira za chiwewe.

Miyambo yathu ndimaikonda, ndipo moyo wanga wonse ndaiteteza. Koma phulusa la ubweya silinapulumutse mwana wa m'kalasi mwanga. Makolo omwewo amene anatisiyira mwambo umenewo anatisiyiranso mwambi wa nkhanga. Pa ziwirizi, adzukulu anga, sungani mwambiwo.

Tsalani bwino, tidzachezanso.