Mlendo Amene Anadza ndi Kamera kwa Wimbe

Boma la Kasungu limadziwika ndi fodya. Woyenda m'zigwa zake amaona nazale m'mphepete mwa madambo, zigafa kuseri kwa nyumba, ndi malole onyamula mabelo kupita kumsika wa Chinkhoma. Koma m'chaka cha 2017 kwa Wimbe kudafika katundu wachilendo: makamera, nyali zikuluzikulu ndi zingwe zamagetsi. Mkulu wa ntchitoyo adali Chiwetel Ejiofor.

Ejiofor adabadwira ku London m'chaka cha 1977, ndipo makolo ake adachokera ku Nigeria. Adatchuka ngati wosewera m'makanema, makamaka mu 12 Years a Slave wa mu 2013. Chidamukokera ku Kasungu ndi buku la mu 2009 limene William Kamkwamba adalemba ndi Bryan Mealer, losimba za mnyamata wa m'mudzi wa Masitala amene adaleka sukulu posowa fizi pa njala ya 2001 ndi 2002, napanga makina opukusa magetsi ndi mphepo pogwiritsa ntchito zitsulo zotayidwa.

Kuona maso a nkhono n'kudekha. Kuchokera pamene bukulo lidatuluka kufikira pamene kanema wa The Boy Who Harnessed the Wind adaonetsedwa mu 2019, padapita zaka khumi. Mlimi wa fodya sangadabwe nazo, pakuti amadziwa kuti pakati pa kufesa ndi kudinda belo pali kuwokera, kuthyola, kusoka ndi kusankha. Wotsogolera kanema nayenso amalemba nkhani, kupeza ndalama, kusankha osewera, kujambula, kenaka n'kutaya zithunzi zambiri kuti zotsalazo zigwirane.

Ntchito yake yaikulu ndiyo kusankha. Makina oyamba a William adayatsa mababu ndi kuliza wailesi, koma m'kanemamo amapopa madzi othirira m'munda, chifukwa wotsogolera adafuna kuti mphepo iyankhe njala. Adaonetsanso anthu akugulitsa mitengo yawo kwa eni esiteti ya fodya, nthaka n'kutsala pambalambanda. Koposa zonse, adasankha kujambulira kwa Wimbe komweko ndi kulankhulitsa osewera m'Chichewa. Iye mwini adaphunzira chiyankhulochi kuti asewere ngati Trywell, bambo wa William.

Amalaŵi ambiri adadandaula kuti Chichewacho chidamveka chachilendo m'makutu. Adanena zoona: amene adasewera ngati William adali Maxwell Simba wa ku Kenya, ngakhale kuti Lily Banda wa konkuno adasewera ngati mlongo wake. Komabe kudzera pa Netflix anthu a m'maiko ambiri adamva Chichewa koyamba. Mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa, koma mutu wometedwa ndi wa mwini mudzi.

Apa ndipo pagona funso. Nkhaniyo idali kwa Wimbe zaka zonsezo. Idadikiriranji munthu wa ku London? Kusowa ndalama ndi zipangizo ndi chifukwa chenicheni, koma si mpanda wosalumphika. Shemu Joyah, katswiri woyeza malo, adapanga Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat m'dziko momwe muno, ndipo The Road to Sunrise idalandira mphotho ku Lagos mu 2018.

M'zigafa za ku Kasungu mwatsala nkhani zambiri: ya tenanti wobwerera kwawo chimanjamanja, ya mayi wosoka fodya mpaka usiku. Akulu adati fodya ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo. Nkhani yosajambulidwa ikadali pachala.