Fulashi ikafa, musathamangire kuikonza

Ndiloleni ndilankhule ndi aphunzitsi anzanga komanso aliyense amene ntchito yake amayenda nayo m'thumba, pa kachipangizo kofanana ndi chala kamene timati fulashi. Kuno ku Nkhoma sukulu zambiri zilibe makina osindikizira. Mayeso a kumapeto kwa teremu, masikimu, malikisi a ana ndi mapepala akale a MANEB, zonsezi zimakwera kabaza kudzera pa Kamphata mpaka pa Nathenje kuti zikasindikizidwe. Anzathu a ku Mitundu amayenda ulendo wotere womwewu. Choncho fulashi ikakana kutsekuka, ntchito ya teremu yathunthu imakhala pachiswe.

Mkati mwa fulashi muli tizigawo tiwiri. Kena ndi nkhokwe, momwe mumakhala mafayilo. Kenako, kamene akatswiri amati controller, kali ngati kalaliki wosunga kaundula wa chilichonse cholowa ndi kutuluka, ndipo kamayendera pulogalamu yakeyake yotchedwa firmware. Mukazula fulashi ili mkati molemba, kapena magetsi akazima mwadzidzidzi, kaundulayu amatha kusokonekera. Apa m'pamene kompyuta imanena kuti fulashi ili ndi 0 bytes, kapena kuti ndi yoletsedwa kulembamo. Nthawi zambiri katundu amakhala akadali m'nkhokwe, wabalalika ndi kalaliki.

Njira yoidzutsira ilipo, ndipo anyamata ena oika nyimbo m'mafoni pamisika yathu amaidziwa. Amayamba ndi pulogalamu ya ChipGenius, imene imaulula kampani yomwe inapanga controller ija: mwina Phison, Alcor, Silicon Motion, Chipsbank kapena FirstChip. Dzina lolembedwa pachikuto lilibe ntchito kwenikweni. Akatero amasaka pa intaneti pulogalamu imene amagwiritsa ntchito kufakitale, yogwirizana ndendende ndi controller imeneyo. Pulogalamuyi imalembanso firmware, n'kupatula malo owonongeka m'nkhokwemo kuti asamagwiritsidwenso ntchito. Mukalakwitsa n'kutenga ya mtundu wina, fulashi ikhoza kufa osadzukanso.

Chimene ambiri sauzidwa n'chakuti pulogalamu ya kufakitaleyi imasesa zonse. Imabweza fulashi, koma sibweza zimene zinalimo.

Teremu yatha, mayi wina amene timaphunzitsa naye anatengera fulashi yake kwa mnyamata wina pamsika. Munali malikisi a Fomu 3 ndi ntchito ya maphunziro awo apamwamba imene ankalemba usiku. Mnyamatayo analonjeza kuti aikonza, ndipo anaikonzadi. Inatsekuka bwinobwino, ili mbee. Mayiyo atafika mu sitafurumu anangoti, "Aphunzitsi, taonani kuno," n'kukhala chete. Mnyamata uja sindingamunene kuti ndi wakuba, pakuti anachita zimene anapemphedwa. Chinasowa ndi funso limodzi: kodi mukufuna fulashiyi kapena zili m'katimu? Malikisi tinawatoleranso m'mapepala a ana, kwa sabata yathunthu. Ntchito ya maphunziro ija anayambiranso poyambirira.

Panatulukanso china. Pachikuto panalembedwa 64GB, koma itakonzedwa inayamba kuonetsa 8GB. Mayiyo ankaganiza kuti mnyamata uja waichepetsa. Ayi, kukula kwake kwenikweni kunali komweko. Anthu achinyengo amagwiritsa ntchito mapulogalamu a kufakitale omwewa pouza controller kuti izinama. Fulashi yotere imagwira bwino masiku oyambirira, koma mukangopyola malire ake enieni, mafayilo amaoneka mayina okha, mukawatsekula n'kupezamo zopanda mutu. Ine fulashi ya 64GB yogulitsidwa pamtengo wa 8GB ndimaiyang'ana ngati feteleza wotchipa wa pamsewu, amene theka lake ndi mchenga. Pulogalamu yaulere ya H2testw imadzaza fulashi yonse n'kuwerenganso zimene yalembazo, ndipo bodza limaonekera pomwepo. Imatenga nthawi, koma ndi bwino kuiyesa tsiku logula, musanaikemo kanthu.

Komanso si fulashi iliyonse yovuta imene yafa. Vuto lofala kwambiri m'makompyuta a m'malo osindikizira ndi vairasi imene imabisa mafoda n'kusiya ma shortcut m'malo mwake. Apa zinthu zanu zonse zilipo. Chofunika n'kuchotsa vairasiyo ndi kuuza kompyuta kuti ionetse mafayilo obisika. Ngati fulashi ikuonetsa kukula kwake koyenera koma kompyuta ikupempha kuti muifomate, kanani kaye. Mapulogalamu monga PhotoRec amatha kutola mafayilo ambiri, bola owasungira akhale malo ena, osati pafulashi yomweyo. ChipGenius ndi pulogalamu ya kufakitale zibwere pamapeto, mwini wake atavomera ndi pakamwa pake kuti za m'katimo wazitaya.

Kwa inu achimwene a pamsika, luso muli nalo ndipo timalifuna, chifukwa mphunzitsi sangakwere minibasi kupita ku Lilongwe fulashi ikangovuta. Koma musanadine batani la Start, muuzeni kasitomala m'Chichewa chomveka kuti zonse zifufutika. Ndipo fulashi yodzutsidwa motere ine sindiikiranso malikisi. Ndimanyamulira mayeso opita kosindikiza basi, pamene kope lina lili pafoni, lina m'buku lachikuto cholimba limene limakhala mu ofesi ya a hedi.